Chitini cha Pansi pa Mtengo wa Mapichesi

Joni, 7 de Março, 1976

Amake Zainabo,

Asalamu alaikumu. Ine ndili moyo, chifuwa chija chachepa, kaya inu ndi mwana kumeneko? Mupereke moni kwa amalume anu a shehe Mwinyi, ndiponso kwa a profesoro Norberto, aphunzitsi aja amene akukuwerengerani kalatayi. A profesoro, werengani monga ndalembera, osadumpha, osathirako mchere wanu.

Ku mgodi ndinachokako. Musafunse kuti ndinachoka bwanji, mungodziwa kuti sindinatsanzike, ndipo pasi yanga inatsala m'kabati ya kapitawo. Kuno wopanda pasi akagwidwa amayamba wakakumba mbatata kupulazi ya akaidi asanaone kwawo, ndipo ena sakuonanso. Ndiye ndimayenda chowerama. Sindifuna nkhope yanga idziwike kwa aliyense mpaka ndidzatsike sitima pa Vila Cabral pathu, kaya ndi Lichinga monga ndikumva kuti mwayamba kutchula.

Ntchito ndapeza ya m'dimba, panyumba ya azungu achinyamata asanu. Azungu ake simunawaonepo. Amuna tsitsi lofika m'mapewa, nsapato savala, nyama sadya, mipando anagulitsa, amakhala pamphasa ngati ife. Boma lawo lomwe amalitukwana m'nyimbo. Akuti ndisamawatchule bwana, ndizidya nawo pamodzi. Ine ndikuti chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Mzungu wa kwathu uja ankandimenya mbama poyera, ndipo ndinkadziwa kothawira. Awa osekawa sindikudziwa chimene akufuna.

Maina awo amandipinda lilime, choncho ndawapatsa anga. Wonyamula kamera ndi Chindevu, mkazi amene amasoka ndi kudula mafilimu ndi Nasingano, ndipo wina wongokhalira kuimba, amene akuti anathawa usilikali, ndi Wagitala. Munthu wakuda mnzanga ndi mmodzi, amake Puleng a ku Soweto, amene amabwera kudzachapa katatu pa sabata. Iwo akuti anawa ndi amisala chabe, si oipa.

Ntchito yawo ndi bayisikopo, koma osati ya akavalo ndi mfuti imene tinkaonera ku komponi. Loweruka anatchinga mawindo ndi mabulangete n'kuonetsa yawo pansalu. Munali mizere, madontho, tambala woyenda chambuyo, ndi phazi la munthu mpaka ndinayasamula. Onse anaomba m'manja. Nditafunsa kuti bayisikopo yeniyeni iyamba nthawi yanji, anaseka, ndipo Chindevu analemba mawu angawo m'kabuku. Sizinandisangalatse.

Pali bafa lina analipaka penti wakuda ndi mawindo omwe. Tsiku lina ndinatsekula kuti ndisese, Nasingano anakuwa ngati waponda moto n'kundimenyetsa chitseko pazala. Pambuyo pake anabwera kudzapepesa, misozi ili chuchuchu. Koma ndi chiyani chimene munthu amachitira mumdima dzuwa likuswa mtengo?

Salumu, wa ku Lulimile uja, akubwera ndi bulangete ndi makapulana awiri, nsalu zanu zovala. Makina osokera musagulitse ngakhale zivute bwanji.

Ndine mwamuna wanu,
Cassimo

Joni, 25 de Abril, 1976

Amake Zainabo,

Mtendere ukhale nanu. Kalata yanu ndalandira, ndipo ndakondwa kuti Zainabo wayamba sukulu ndi kuti nyemba zachita bwino. Koma mawu ena m'kalatamo si anu. Zaka khumi ndakhala nanu simunanditchulepo kamarada ngati anthu a chipani, ndipo nambala ya nyumba ya azungu mukuifuniranji? A profesoro, ngati akuluakulu a bairro, oyang'anira dera lathu aja, akufuna kudziwa za ine, adzandifunse ndikabwera. Ndamvanso kuti mukatha kuwerenga mumakhalitsa pakhonde. Makalata anga si aatali chotero.

Ine thupi silili bwino. Andijambula. Ndinkalima bedi la kabichi nditavala malaya amizere aja munandisokera, ndinangomva chinthu chikulira ngati makina anu. Kucheuka, Chindevu wandiloza ndi kamera. Ndinamuuza m'Chifanakalo cha ku mgodi kuti pasi ndilibe, asiye. Iye anangogwedeza mutu, akuti ndisade nkhawa. Nkhawa ndi yanga, iye akundiletsa ngati ndani?

Patapita sabata ndinapeza Nasingano atakhala pawindo ndi filimuyo. Filimu ndi kalamba kakatali kopyapyala, kokhala ndi tizithunzi tating'ono ngati chikhadabo. Ndinasuzumira, n'kuona ine ndemwe ndi khasu langa. Iye anali atagwira singano, akukala pankhope panga, kachithunzi kamodzikamodzi, kuyambira m'maso. Atandiona anamwetulira, nalankhula Chingerezi chambiri chimene sindinatolepo kanthu, akuloza ine, akuloza kumsewu. Atatha anathira jiki pena ndi pena, kenako anakakwirira filimu yonseyo pansi pa mtengo wa mapichesi, popanda choikulunga.

Amake Puleng kunalibe tsiku limenelo. M'mawa mwake ndinawafunsa za kukwirirako, koma za singano ndinachita manyazi kutchula. Anati ndi luso lawo anawa, amafuna kuti dothi la dziko lino lidyeko chithunzi, kenako amafukula n'kuonetsa zotsalazo. Luso! Kwathu munthu akatenga chifanizo cha mnzake, kuchibaya m'maso n'kuchikwirira kuseri kwa nyumba, timati luso? Chiyambire Lachitatu diso langa lamanzere latupa, likungotuluka misozi, ndipo ndili ndi mantha.

Pitani kwa a shehe Mwinyi nokha, muwafotokozere ndi pakamwa panu, mundifunsire chochita. Muwatengere nkhuku yoyera ija. Yankho lawo likhale mawu awo enieni, osati okonzedwa ndi munthu wa sukulu.

Mbatata mukumbe chisanu chisanafike. Ngati ku loja, kusitolo kuja, kulibe sopo monga mukunenera, ndidzatumiza wa kuno.

Cassimo

Joni, 4 de Julho, 1976

Amake Zainabo,

Asalamu alaikumu. Ndakhala chete chifukwa panalibe munthu wokhulupirika wonyamula kalata, ndipo ya papositi amaitsekula. Kuno kukuzizira ngati kwathu, madzi a m'ndowa amadzuka atauma. Diso silinachire. Zainabo muzimuveka bulangete lija.

Mwina mwamva pawailesi za ana a sukulu a ku Soweto ndi apolisi. Zimene mwamvazo muwonjezerepo, ine sindilemba. Utsi tinkauona tili pano masiku atatu. Mwana wa amake Puleng, Puleng mwiniwakeyo, mtsikana wa zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri, anapita kusukulu Lachitatu lija ndipo sanabwerere. Amake ayenda kupolisi, kuchipatala, ndi kumene amasungira mitembo. Kulikonse akuwauza kuti dzina limenelo salidziwa, mwina anathawa ndi mwamuna. Amabwerabe kudzachapa. Amachapa malaya amodzi mpaka ndimachita kuwalanda.

Lachitatu lomwelo masana Chindevu anatuluka pano atagona kumbuyo kwa galimoto ya mchimwene wa amake Puleng, atafunda mitolo ya zochapa, kamera ili pamimba. Atabwerako anasanza m'kabichi wanga. Kumene anapita sanandiuze. Chiyambire pamenepo nyimbo zinatha m'nyumba muno, ndipo ndikalowa amasiya kulankhula. Aja ankati ndine m'bale wawo aja. Kunja kwa mpanda kumaima galimoto ya anthu awiri amene amawerenga nyuzipepala imodzimodzi tsiku lonse. Wagitala wandifunsa kawiri njira imene anthu amadutsira malire opita kwathu. Ndinamuyankha kuti ine ndimadziwa za kabichi.

Tsopano mverani. Filimu ya nkhope yanga ija anaifukula mwezi watha, ndinapeza dzenje lokha. Ndinati mwina zatha. Koma Lamulungu m'mawa ndili m'kachipinda kanga ndinaona Nasingano akukumbanso pamalo omwewo, akucheukacheuka. Ulendo uno anakwirira chitini chabulungira, chomata ndi tepi wakuda kuzungulira kawiri. Mukuona? Poyamba anandikwirira pamtunda, tsopano anditsekera m'chitini kuti ndisatulukenso. Sindinawafunse, chifukwa mfiti saifunsa kuti kodi ukundilodza.

Mawu a shehe ndamva, ndipo ndawazindikira kuti ndi awo: chokwiriridwa chikaona dzuwa chimasuluka. Akuti ndichifukule masana, ndichitambasule chonse chiwombedwe ndi dzuwa, ndiwerenge aya za Korani zija anandiphunzitsa, ndikatero ndichibwezere momwe chinalili kuti eni ake asadziwe. Muwathokoze. Ndikungodikira tsiku limene onse adzachoke.

Za mpanda mukunenazo, pemphani achimwene anu adzamange. Anthu ena asazolowere kugwira ntchito za pakhomo panga.

Cassimo

Joni, 1 de Agosto, 1976

Amake Zainabo,

Alihamudulilahi, ndikulemba ndi maso awiri. Diso laphwa, ndikudya bwino, ndikugona ngati mwana. Ndikhulupirira nanunso muli bwino.

Lamulungu lapitalo onse asanu anapita kumsonkhano wawo wa nyimbo ndi ndakatulo. Dzuwa litafika pamutu ndinatenga fosholo. Chitini sichinali patali. Ndinamatula tepi bwinobwino kuti ndidzamatenso, ndipo m'katimo munali filimu yokulungidwa m'pepala lakuda. Ndinati bisimila n'kuitambasula yonse pachingwe chimene amake Puleng amayanikapo zovala. Inali yaitali, inapita ndi kubwerera kanayi, moti ndinachita kuipana ndi mapegisi awo. Ndinaima pamenepo n'kuwerenga aya zonse, kubwereza katatu.

Kenako ndinaiunika padzuwa kuyambira kumutu mpaka kumchira, kufuna nkhope yanga. Amake Zainabo, munalibe kanthu. Ngakhale khasu, ngakhale malaya. Inali yotuwa mbuu yonse. Ndinadziwa kuti mawu a shehe agwira ntchito pomwepo, zonse zasuluka. Ndinaseka ndekha m'dimba ngati wopenga. Ndinaikulunganso, kumata, kukwirira, n'kuwazapo masamba ouma. Atabwerako madzulo Nasingano anapita kukayang'ana pamtengo paja, nabwerera osadziwa kanthu. Ophunzira onsewa awapusitsa shehe wa ku Chiuaula amene sanaonepo bayisikopo.

Amake Puleng akuti diso lachira chifukwa cha mankhwala odontheza amene anandigulira. Ndinangowathokoza, poti mayiwa ali ndi zawo zowawa. Mwana sanapezekebe. Koma masiku ano ndikuona ngati ali ndi chimene akuyembekeza. Amanong'onezana ndi Nasingano kukhitchini, ndipo dzulo ndinawamva akuimba pang'ono pochapa.

Salumu wabwerera kuno ndipo wandiuza za kumeneko. Akuti a profesoro amakhalitsa pakhonde chifukwa akukuphunzitsani kuwerenga, inu ndi amayi ena anayi. Bwanji simunanene? Kaya n'zoona kaya mwapangana, tidzaona ndikabwera. Mundilembere mzere umodzi ndi dzanja lanu, ndiuone.

Muwagulire a shehe kofia yatsopano. Ine ndikuganiza zoyamba ulendo mvula isanagwe, ndidzakhale nawo pobzala.

Mwamuna wanu,
Cassimo

Joni, 12 de Setembro, 1976

Amake Zainabo,

Asalamu alaikumu, Mulungu alandire kusala kwanu m'mwezi uno wa Ramazani. Mzere wanu ndauona. Zilembo zake zikuyenda ngati nkhanu, koma ndaupinda ndauika m'thumba la pamtima. Ine ndili bwino m'thupi.

Apolisi anabwera Lachisanu la sabata inayo, ine ndili ku juma kumzikiti wa amwenye. Nditabwerako ndinapeza dimba lonse atalitembenuza, kabichi ali mizu m'mwamba, pansi pa mtengo wa mapichesi pali dzenje lofika m'chiuno. Wina anawauza pokumba. Koma chitini sanachipeze, chifukwa chinali chitachoka kale. M'nyumba anatenga mafilimu onse, natenganso Chindevu. Ndinagona masiku anayi kwa wa m'dimba wa nyumba ina, nsapato zili kuphazi.

Chindevu anamubweza Lachitatu, mlomo uli wotupa. Amake Puleng ndi amene anandimasulira zimene anafotokoza. Akuti apolisi anaonetsa mafilimuwo pakhoma imodziimodzi, kufuna nkhope za anthu obwera panyumba pano. Anafika pa ya munthu wolima wa malaya amizere, naibwereza kasanu, akufunsa kuti ameneyu ndani, ngwakuti, pasi yake ili kuti. Koma pamutu pa munthuyo pankangothwanima zokalakala zoyera. Anamumenya kuti atchule, iye anati anali waganyu wongodutsa.

Ndinafunsa amake Puleng kuti nanga filimu imeneyo sinali m'chitini? Anandiyang'ana modabwa. Anati yanga ija chifukulireni inali pashelefu m'nyumba.

"Mtsikana uja anakhala masiku asanu ndi singano kukufufuta iwe," anatero. "Anamva kuti ulibe pasi. Sanakuuze?"

Mwina anandiuza, m'Chingerezi chija.

Ndiye ndinafunsa kuti nanga m'chitini munali chiyani. Anayang'ana kuchitseko kaye, kenako anandiuza motsitsa mawu. Tsiku la ana a sukulu lija Chindevu anajambula apolisi akukweza ana m'galimoto, ndipo mmodzi mwa anawo anali Puleng, wamoyo, akuyenda ndi miyendo yake. Nambala ya galimotoyo anaijambulanso. Filimu imeneyo sanayerekeze kuitsukira pano, anaimata osaitsekula n'kuibisa. Mayi wina wa tchalitchi wainyamula kudutsa nayo ku Swazilandi, ipita kutsidya kwa nyanja kumene akaitsuke. Ikatuluka, apolisi sadzathanso kunena kuti dzina la mwanayo salidziwa. Anandigwira dzanja, akuti ndipemphere nawo m'chipembedzo changa.

Ndinapemphera nawo, koma maganizo anga anali pachingwe chija.

A profesoro Norberto, ndinakulankhulani mokhadzula m'makalata am'mbuyomu. Lero ndikukufunsani ngati munthu wophunzira, ndipo mundiyankhe msanga. Filimu imene akuti sinatsukidwe, kodi imaoneka bwanji? Munthu ataitulutsa padzuwa kanthawi, mwina ola limodzi, n'kuibwezera bwinobwino momwe inalili, pali chimene chingachitike?

Cassimo

Joni, 17 de Outubro, 1976

Amake Zainabo,

Mtendere ukhale nanu ndi mwana. Ine sindikudwala. Kalata iyi muyese kuwerenga nokha, ngakhale ikutengereni sabata. Pamene pakukanikani a profesoro akuthandizeni, poti yankho lawo ndinalandira ndipo akudziwa kale. Anandiuza zoona osazungulira, ndipo ndawathokoza.

Uthenga wa kutsidya kwa nyanja unafika Lachiwiri. Filimu yonse yatuluka yopanda kanthu, kuyambira kumutu mpaka kumchira. Akuti munalowa kuwala. Filimu yosatsuka imaoneka yotuwa chomwecho, chithunzi chimakhala chobisika m'kati, ndipo kuwala kukangoigunda chimafa. N'chifukwa chake bafa lija ndi lakuda, n'chifukwa chake anandimenyetsa chitseko. Pamene ndinkaseka m'dimba muja, mwana wa amake Puleng anali pachingwe cha amake, ndipo ine ndi amene ndinamuyanika.

A shehe musawauze. Iwo anayankha funso limene ndinawafunsa.

Nasingano akulumbira kuti anamata yekha kawiri, choncho pali amene anatsekula. Onse aloza Wagitala, chifukwa ankafunsa mafunso ambiri ndipo bambo wake ndi wa boma. Akuti ndi yemwenso anauza apolisi pokumba. Za apolisizo sindikudziwa. Za chitini ndikudziwa. Anamutulutsira katundu wake pamsewu Lachinayi, iye akulira, akuti alibe kopita koma ku usilikali komwe anathawa. Ine ndinaima ndi khasu, kuonerera. Palibe ndi mmodzi yemwe amene anandiganizira. Miyezi yonseyi ndakhala ndikuwakayikira anthuwa, ndipo iwo sanandikayikire ngakhale tsiku limene anayenera.

Amake Puleng sanalire pamaso pathu. Anamaliza kuchapa, kuyanika, kusita. Lachisanu anabwera kukachipinda kanga ndi kaphukusi. Ndinali nditakonzeka kuwauza, mawu ali pamlomo, koma anayamba ndi iwo. Anati amva kuti ndikupita kwathu ndipo ndili ndi mwana wamkazi. M'kaphukusimo munali juzi ya sukulu imene Puleng ankavala ali wamng'ono.

"Kwanu akuti kumazizira," anatero. "M'nyumba muno ndiwe wekha amene sunandinamizepo."

Ndinalandira ndi manja awiri, n'kuthokoza.

Njira yobwerera ilipo tsopano. Chindevu akuti Lamulungu lino atha kundibisa m'galimoto mpaka pafupi ndi malire, pamodzi ndi Salumu amene kontirakiti yake yatha. Ndi chimene ndakhala ndikupempha Mulungu chichokereni ku mgodi. Ndamuuza kuti atenge Salumu yekha. Amake Puleng amabwera Lolemba, ndipo sindingatsike sitima pa Lichinga ndi juzi imeneyi m'manja iwo asakudziwa. Ndidzawadikira pachingwe paja, ndiwauze iwo poyamba, kenako enawo, kuti mwina Wagitala amuitane asanavale yunifolomu. Zikatero kaya galimoto idzakhalaponso ya ine, kaya adzandiika pamsewu pamene pamaima anthu a nyuzipepala aja, sindikudziwa. Ndikuopa kwambiri, amake Zainabo.

Bzalani osandidikira. Chimanga muyambire kumtunda, nyemba kumunsi monga chaka chatha. Juzi ndaisunga kuno, idzabwera ngati eni ake adzanenenso kuti ibwere atamva zonse.

Munapempha chithunzi changa kuti Zainabo asandiiwale. Ndilibe china koma ichi, kachidutswa ka filimu kamene apolisi sanakaone, kamene Nasingano anandipatsa mwezi watha ngati mphatso. Kali m'kapepala kabuluu. Aka n'kotsuka kale, dzuwa silingakaononge. Mukakaunike pakhomo masana. Mudzaona khasu, manja anga, ndi malaya amizere aja munandisokera. Mwanayo mumuuze kuti ndi ine, poti pankhope sadzapezapo kanthu.

Ndine mwamuna wanu,
Cassimo